Mtembo munauona?

Kwa milungu itatu, kapepala kamene mwana wanga amaika m'buku kuti adziwe pamene walekezera sikanasunthe. Ndikudziwa chifukwa ndinkakayang'ana m'mawa uliwonse. Buku lili pambali pa bedi, kapepala kali suzumire pamalo amodzimodzi, kutatsala masamba ngati 40 kuti amalize.

Mtsikana ameneyu ali ndi zaka 15, ndipo si munthu wosiya buku panjira. Mabuku atatu oyamba a nkhani imeneyi anawameza ngati madzi. Lachitatu analimaliza usiku umodzi, atadzifunditsa bulangete kumutu ndi tochi ya foni, m'mawa n'kudzuka maso ali psuu, n'kumandinamiza kuti ndi chimfine. Ndiye lachinayi ili, limene analidikira chaka chathunthu, angalisiye bwanji litatsala pang'ono chonchi?

Dzina la mabukuwa sinditchula, ngakhale mayina a anthu a m'nkhanimo. Ndinaulula kale kamodzi, ndipo kamodziko kanandikwana.

## Ufumu wopanda nthaka

Ndi nkhani ya banja lachifumu lokhala panyanja. Likulu alibe. Mpando wachifumu anaukhomera pa sitima yaikulu koposa zonse, ndipo mfumu ikagona pamtunda masiku atatu otsatizana, ufumu wautaya. A m'banjamo amatha kuitana mphepo ndi nyimbo, koma osati ulele: aliyense akaiitana amaiwala chinthu chimodzi cha m'moyo wake, ndipo sasankha yekha choti aiwale. Ana a mfumu alipo awiri. Wamkulu ndi mnyamata, ndingomutchula kuti Kalonga. Wamng'ono ndi mlongo wake, ndipo ndi amene amatifotokozera nkhani yonse.

Ine ndinayamba kuwerenga ngati kholo lofuna kudziwa zimene mwana akulowetsa m'mutu. Ndi mmene ndinkadziuzira. Pofika pakati pa buku lachiwiri ndinali nditayamba kumufunsa ngati alibe homuweki, cholinga asiye buku pa tebulo.

Koma ukulu ndi matenda. Sindinkatha kuwerenga osapeza cholakwika. Tsiku lina ndinamuuza kuti anthu amenewa akhala panyanja miyezi yambiri osatsika, nanga bwanji palibe ndi mmodzi yemwe amene nkhama zatupa, mano n'kuyamba kugwedera? Ndinamufotokozera kuti matenda amenewa ankapulula amalinyero pa maulendo aatali, ndi kuti mu 1747 dokotala wina wa pa sitima ya nkhondo, James Lind, anayesa mankhwala osiyanasiyana pa odwala 12 n'kupeza kuti amene anachira msanga ndi awiri amene ankapatsidwa malalanje ndi mandimu.

Anandiyang'ana nthawi yaitali ndithu.

"Adadi, anthu akuitana mphepo ndi nyimbo, inu mukudandaula za mandimu?"

Ndinaseka, koma sindinasiye. Ndinali wowerenga wa mtundu umenewo, woima pagombe n'kumaloza zolakwika za sitima imene anzake akwera.

## Madzulo aja

Buku lachinayi ndinaliwerenga mwakuba. Akapita kusukulu ndinkalitenga, ndikamaliza n'kulibwezera mmene linalili, kapepala kake osakakhudza. Ndinadutsa pamene iye analekezera, ndinafika kumapeto, ndinatseka. Ndinakhala kaye duu pampando, kenako ndinapita kukasamba kumaso. Izi sindinauzepo munthu mpaka lero.

Ndiye m'mutu mwanga ndinaganiza motere: mwanayu akudziwa kale. Mwina mnzake anamuuza, mwina anasuzumira tsamba lomaliza, n'chifukwa chake wakhumudwa n'kulisiya. Ndinadziona ngati bambo wanzeru amene watulukira chimene chikumudya mwana wake.

Madzulo ake anali atakhala pansi pa balaza, atatsamira mpando, akumasula tsitsi. Chipeso chili m'dzanja limodzi, mbali imodzi ya mutu itamasulidwa kale, inayo isanayambidwe. Ndinakhala pafupi naye n'kuyankhula ndi mawu ofatsa aja amene makolo timasungira nthawi zapadera.

"Ndaona kuti buku lija walisiya. Usadandaule kwambiri. Inenso zinandikhudza, koma imfa yake wailemba bwino. Kumira kwake kuli ndi tanthauzo."

Chipeso chinaima m'malere.

"Imfa ya ndani?"

Pali kamphindi kena kamene munthu umadziwa kuti phazi laponda polakwika koma thupi lonse lanyamuka kale. Ndinayesa kubweza. Ndinati mwina ndasokoneza ndi buku lina. Ndinatchula za woyendetsa sitima wokalamba uja amene anafa m'buku lachitatu. Iye ankangondiyang'ana, chipeso chili m'mwamba momwemo, nkhope ikusintha pang'onopang'ono.

Sanakuwe. Bola akanakuwa. Anaika chipeso pansi bwinobwino n'kunena motsitsa mawu:

"Ndinamusiya ali m'bwato, adadi. Anali moyo."

Apa m'pamene ndinakumbukira zimene zili pa tsamba la kapepala kaja. Namondwe akubwera. Sitima ina yaing'ono yagunda mwala. Kalonga watsikira m'bwato kuti akapulumutse anthu, ndipo mlongo wake waima pamwamba pa sitima yaikulu, akuyang'ana nyali ya bwatolo ikukwera ndi kutsika ndi mafunde. Mutuwo umathera pomwepo. Mwana wanga sanauzidwe ndi munthu, sanasuzumire kumapeto. Anangomva fungo la zimene zikubwera, monga amachitira aliyense amene wawerenga mabuku okwanira, n'kuika kapepala.

"Milungu itatu yonseyi ndimamusunga," anatero. Anadzuka, mutu uli womasula mbali imodzi, n'kukalowa kuchipinda.

Madzi akatayika saoleka. Mwambi umenewu ndinauyankhulapo kambirimbiri kwa anthu ena, koma usiku umenewo unandikhalira pachifuwa ngati mwala.

## Funso lake

Masiku awiri ankandiyankha "ee" ndi "ayi" basi. Mayi ake atamva nkhani yonse anangoti, "Inuyo mukanangokhala chete chikanakulumani n'chiyani?" Ndinalibe yankho.

Tsiku lachitatu anabwera ndi buku lija, kapepala mulibe, n'kundiika pamiyendo.

"Ndamaliza. Tsegulani. Mundionetse pamene alemba kuti mtembo wapezeka."

Ndinatsegula ndi chidaliro chonse. Ndinapeza pamene nyali ya bwato inazima. Ndinapeza pamene m'mawa mwake anatola bwatolo litagadabuzika, ndi mkanjo wa Kalonga utakodwa pa mwala. Ndinapeza mwambo wamaliro, anthu akuponya nkhata m'madzi, mlongo wake akuvekedwa chisoti chachifumu chimene chinali chachikulu pamutu pake. Ndinabwerera m'mbuyo, ndinawerenganso ndi chala pa mzere uliwonse.

"Mtembo munauona?" anafunsanso.

Sindinauone. Ine ndinawerenga imfa. Iye anawerenga bwato, mkanjo ndi nyali.

## Khoti la Loweruka

Mabuku amenewa amawerenga anthu asanu, iye ndi anzake anayi, kumabwerekana mpaka chikuto kusanduka nsanza. Loweruka lotsatira onse anasonkhana kwathu, ndipo ine ndinakhala chipinda choyandikana nacho ndi nyuzipepala imene sindinawerenge ngakhale mzere umodzi.

Mmodzi anali atalembera wolemba mabukuwo kalata ya masamba atatu, yoyamba ndi ulemu n'kuthera ku matemberero. Sanaitumize, koma anaiwerenga mokweza ndipo anzake ankaombera m'manja. Analumbira kuti buku lachisanu sadzaligwira n'komwe. Palibe anamukhulupirira. Wina anabwera ndi kope la sukulu mmene analembamo mathero akeake: Kalonga wasambira mpaka pa kachilumba, wapulumutsidwa ndi asodzi, koma poitana mphepo kuti imukankhire kumtunda waiwala dzina lake. Ndinene zoona, mathero amenewa anandisangalatsa kuposa mmene ndinkayembekezera. Mnyamata yekhayo wa m'gululo nkhawa yake inali ina, yoti tsopano mfumukazi yatsopanoyi idzakwatiwa ndi ndani. Anamuuza kuti akhale chete.

Amene anayatsa moto anali mtsikana wofatsa kwambiri pa onsewo. Anadikira kuti onse athe mpweya, kenako anati:

"Koma amayenera kufa."

Kunja kuno kuli phokoso, koma limene linatsatira apa linali lapadera. Iye sanatekeseke. Anati kuyambira buku loyamba mlongoyo wakhala akubisala kumbuyo kwa mchimwene wake. Pakavuta, Kalonga ndi amene ankayankhula ndi akuluakulu, ndi amene ankaitana mphepo kuti mlongo wake asaiwale kanthu. Mabuku anayi athunthu mtsikanayo sanalipirepo mtengo uliwonse. Akanakhala mfumukazi yotani mchimwene wake ali pambali kumulipirira? Anati wolembayo sanamuphe mwankhanza, anangochotsa mthunzi.

Sabata yonse yotsatira anzake sankamuyankhula bwino. Koma kwa ine, mwana ameneyu ndi amene anawerenga mozama kuposa tonse, kuphatikizapo ine wa mandimu.

Wanga sanalowe nawo kwambiri mkanganowo. Iye anali ndi pepala la umboni. M'buku lachiwiri Kalonga anakhala pansi pa madzi nthawi yaitali pokonza tsigiro. M'mutu wina woyendetsa sitima ananena kuti madzi a pamalopo amakokera kum'mawa, kumene kuli zilumba. Mkanjo anaupeza womasula zingwe, osati wong'ambika, kutanthauza kuti anauvula yekha. Ankatchula tsamba ndi tsamba. Mphunzitsi wake akanamuona tsiku limenelo akanalira, chifukwa luso limeneli pa mayeso silioneka.

Chimene ndinazindikira ndili kuseri kwa nyuzipepala n'chakuti pa maola awiri onsewo palibe ananenapo kuti ndi nthano chabe. Onse asanu akudziwa bwino kuti Kalonga kulibe. Sanasokonezeke mutu. Koma anakhala naye zaka zitatu, kuyambira ali ndi zaka 12, ndipo pa msinkhu umenewo zaka zitatu ndi gawo lalikulu la moyo. Anzawo ena enieni sanakhale nawo nthawi yaitali choncho.

## Kalonga weniweni amene anabwerera

Ukulu uja unandigwiranso. Ndinaganiza kuti njira yothandizira mwana wanga kuvomereza ndi kumuonetsa kuti akalonga amamiradi, ndipo ndinali ndi nkhani yoona yoti ndimuuze.

Usiku wa pa 25 Novembala 1120, sitima yotchedwa White Ship inanyamuka pa doko la Barfleur ku Normandy kupita ku England. Mfumu ya ku England, Henry I, inali itatsogola kale pa sitima ina. M'sitima yatsopanoyi munali anthu pafupifupi 300, ambiri a iwo achinyamata a m'mabanja olemekezeka, ndipo pakati pawo panali William Adelin, wa zaka 17, mwana wamwamuna yekhayo wa mfumu wobadwa m'banja, amene ankayembekezeka kulowa ufumu. Vinyo anayenda kwambiri asananyamuke, mpaka kwa opalasa omwe. Ananyamuka mochedwa, kuli mdima, akufuna kupitirira sitima ya mfumu. Sanapite patali. Atangotuluka padoko anagunda mwala.

William of Malmesbury, amene analemba mbiri ya nthawi imeneyo, akuti kalongayo anamukweza m'bwato laling'ono ndipo anali atachoka kale pangozi. Kenako anamva kukuwa kwa mlongo wake wa mayi wina, Matilda wa ku Perche, ndipo analamula kuti bwato libwerere. Anthu amene ankamira analikhamukira, linalemedwa, linamira. Amene anapulumuka kuti asimbe nkhaniyi anali munthu mmodzi, wogulitsa nyama wa ku Rouen.

Zotsatira zake zinali zoopsa kuposa za m'buku lililonse la achinyamata. Henry analumbiritsa nduna zake kuti zidzalandira mwana wake wamkazi, Matilda winanso, kukhala wolamulira. Henry atamwalira mu 1135, mwana wa mlongo wake, Stephen, ndi amene analanda mpando, ndipo dziko linalowa m'nkhondo yapachiweniweni imene inadzatha mu 1153. Stephen ameneyu anali m'gulu lokwera White Ship usiku uja, koma anatsika isananyamuke.

Ndinamufotokozera zonsezi mwana wanga, ndikudzimva kuti ndagwira mfundo. Anamvetsera mpaka kumapeto.

"Mtembo wake anaupeza?"

"Ayi."

"Basi," anatero, n'kudzuka.

Koma mbali imene inandilasa ine sindinamuuze. Wolemba mbiri wina, Orderic Vitalis, akuti uthenga utafika kunyumba yachifumu, akuluakulu onse anaopa kuuza mfumu. Ankalirira kumbali, pamaso pake n'kumadziumitsa. Pomaliza anatuma kamnyamata, kamene kanadzigwetsa pamapazi pa mfumu kakulira n'kunena zimene zachitika, ndipo mfumuyo inagwa pansi. Ena amati anali mantha chabe, ndipo mwina n'zoona. Komabe kwa kanthawi kameneko, chifukwa cha kukhala chete kwawo, bambo uja anali adakali ndi mwana. Anthu ankhondo, ouma mitima, anadziwa kuti uthenga wa munthu womira sauthamangira. Amati akuluakulu ndi m'dambo mozimira moto, koma m'nyumba mwanga wamkulu ndi amene anabwera ndi machesi.

## Nyanja siimanga manda

Nditalephera kumugonjetsa, ndinayamba kumupezera umboni wa mbali yake. Sunavute kupeza.

Cha m'chaka cha 1000, mfumu ya ku Norway, Olaf Tryggvason, inazingidwa ndi adani pa nkhondo ya panyanja ya Svolder. Sitima zake zitagwidwa imodziimodzi, anatsala pa sitima yake yaikulu yotchedwa Ormen Lange, kutanthauza Njoka Yaitali, ndipo ataona kuti zatha anadziponya m'madzi. Palibe anamuonanso. Posakhalitsa nkhani zinayamba kuyenda zoti anasambira pansi pa madzi, anatoledwa ndi sitima ina, ndipo anakakhala kumayiko akutali, ena mpaka kutchula Jerusalem. Nkhani zimenezi zinalowa m'mabuku a mbiri ya mafumu awo. Amene ankazikhulupirira sanali ana a zaka 15, anali amuna andevu omwe ankaidziwa nyanja.

Mansa Musa, mfumu ya ku Mali, ali ku Cairo mu 1324, anasimba kuti amene analamulira iye asanalowe ananyamuka ndi zombo zambirimbiri kukafufuza malire a nyanja ya Atlantic ndipo sanabwerenso. Zaka 700 zadutsa, anthu akukanganabe za kumene anakathera.

Ndipo owerenga mabuku anaphunzira kalekale kuti madzi ndi khomo losatseka. Mu 1893 wolemba mabuku Arthur Conan Doyle, atatopa naye Sherlock Holmes, katswiri wofufuza milandu wa m'nkhani zake, anamugwetsera pa mathithi a Reichenbach. Mtembo sunaoneke. Owerenga sanamupatse mtendere, ndipo mu 1903 Holmes anatulukira ali wamoyo, n'kufotokoza kuti sanagwe n'komwe.

Ndiye mwana wanga akamafunsa za mtembo sakuchita zachibwana. Akudziwa malamulo a masewerawa. Munthu akafera pamtunda pamakhala malo oloza ndi chala kuti wagona apa. Nyanja imangokupatsa mkanjo. Wolemba amene wasankha kuika banja lake lachifumu pamadzi amadziwa zimenezi kuyambira tsamba loyamba, ndipo akasankha kuti munthu amire m'malo molasidwa ndi mkondo pamaso pa anthu, wasiya dala chitseko chili pululu.

Apa m'pamene ndimamumvera chisoni wolembayo, ngakhale anandidanitsa ndi mwana wanga. Akamubweza Kalonga, mtsikana wofatsa uja adzati wabera, ndipo adzakhala akunena zoona, chifukwa misozi yonse ya buku lachinayi idzasanduka ya ulele. Akapanda kumubweza, anayi enawo adzati anawanyenga ndi zingwe zomasula za mkanjo. Ine monga wowerenga ndikufuna akhale womira. Nkhaniyo ikulimba choncho, ndipo mlongo uja wayamba kale kukhala munthu wosangalatsa kumutsatira chiyambire pamene anayamba kuiwala zinthu zakezake. Koma monga bambo wa mwana wa pepala la umboni uja, ndikufuna mnyamatayo atulukire pa kachilumba kenakake, ngakhale ataiwala dzina lake.

## Lachisanu

Buku lomaliza linafika mwezi watha. Tinapangana kuti ayambe ndi iye, ndipo ine ndisaligwire mpaka atandipatsa ndi manja ake. Analimaliza masiku awiri. M'mawa mwake ndinamuyang'anitsitsa m'maso kuti ndione ngati atupa. Anali ofiira, koma kufiira kwa tulo ndi kwa misozi n'kofanana, ndipo iye anaumitsa nkhope ngati msilikali wa pachipata. Anzake aja akabwera amatsekera chitseko n'kumanong'onezana. Kamodzi ndinamva wina akukuwa kuti "Ndinanena ine!" koma sindinazindikire mawu ake, ndipo pa asanuwo aliyense anali atanenapo kanthu.

Ndaliwerenga mofulumira mpaka mutu wachitatu kuchokera kumapeto. Mfumukazi yaima pamwamba pa sitima m'bandakucha. Mlonda wa pa mlongoti wakuwa kuti kutsogolo kukuoneka thanga laling'ono limene palibe akulidziwa, ndipo m'bwatomo muli munthu mmodzi. Mutuwo wathera pomwepo.

Lero ndi tsiku la 9 kapepala kanga kali pamenepo.

Dzulo anandipeza nditakhala ndi bukulo pamiyendo, lili chitsekere. Anayang'ana kapepalako, anayang'ana ine, n'kukhala pa mkono wa mpando.

"Adadi, ndikuuzeni?"

"Yesa," ndinatero, "ukagone panja."

Anaseka mpaka kugwira m'mimba. Kenako anatenga chipeso chake n'kukhala pansi, atatsamira miyendo yanga, n'kuyamba kumasula tsitsi osanena kanthu.